Nangozo Alowa mu Filimu ya ku Japan

Sunthirani kuno, ndipo amene akutafuna kanthu ameze msanga, chifukwa nkhani ya pa Ndembo siyendera limodzi ndi chakudya. Ine ndemwe ndikaikumbuka malovu amadzaza m'kamwa.

Pa Ndembo paja, kuseri kwa chigayo, panali nyumba ya kanema ya Lufeyo. Nyumba ndi dzina chabe: malata adzimbiri, mabenchi ogwedera, chiguduli pakhomo, ndi chisipika panja choitanira anthu. Koma Lufeyo sanali woonetsa chabe, anali womasulira mafilimu. Ankatenga filimu ya ku China kaya ya ku India, n'kukhala pa laputopu ndi maikolofoni, n'kuyankhulira aliyense wa m'menemo m'Chichewa, mwamuna, mkazi, ngakhale galu. Zinenero zimenezo sankazimva ndi pang'ono pomwe. Ankangoyang'ana milomo n'kumapeka. Ndipo mchere wake unali uwu: anthu a mu filimu ankawapatsa mayina a anthu a pa Ndembo pomwepo. Wakuba ankatenga dzina la wa pa chigayo, chidakwa n'kutenga la wokonza njinga, anthu n'kumaseka mpaka kugwa pa benchi.

Mkazi wake, Dolofina, ankakazinga mandasi n'kumagulitsa pakhomo pa kanemayo. Nthawi imene ndikunenayi anali ndi pakati potopa, poyamba pamene, atadikira zaka mpaka azilamu ake kuyamba kumulasa ndi mawu. Kamwanako kanali kosakhazikika. Kankamenya usana ndi usiku, Dolofina n'kumadandaula ndi pakamwa mtima ukusekerera. Chikwama cha ku chipatala anali atalongeza kale: zitenje zatsopano, sopo wonunkhira, ndi beseni lobiriwira limene sanalole munthu kusambiramo ngakhale m'manja.

Tsiku lina mnzake wa Lufeyo, woyendetsa magalimoto akale ochokera ku Japan, anabwera ndi disiki imene anaipeza pansi pa mpando wa galimoto. Inalibe chikuto, inangolembedwa zilembo zawo zija zonga mapazi a nkhuku. Lufeyo anaiika mu laputopu masana omwewo, Dolofina akukanda ufa pambali pake.

Inali filimu yakale, yopanda mitundu, yoyera ndi yakuda basi. Mvula, udzu wautali ukuwerama ndi mphepo, nyumba za zitseko za mapepala, amuna a malupanga atakhala chogwada nthawi yaitali osanena kanthu. Penapake chitoliro n'kulira, ng'oma n'kugunda kamodzi, kenaka zii. Nkhani yake maso okha ankatha kuitsata. Munali mayi wina amene ankasambitsa maliro a m'mudzi monse, koma anthu sankadya naye. Atamwalira iye, aliyense anatseka chitseko chake, wosambitsa osaoneka. Ndiye dzuwa likamalowa ankabwera ndi ndowa ya mtengo, n'kuima pakhomo la munthu. Nkhope yake sanaionetse ngakhale kamodzi. Ankangoima, osagogoda, osayankhula.

"Filimu yanji yosalankhula ngati nsomba?" anatero Lufeyo. "Anthu amalipira mawu, Dolo. Ameneyu timupatsa pakamwa." Anaganiza pang'ono, kenaka anadzimenya pa ntchafu. "Nangozo! Ameneyu ndi Nangozo weniweni!"

Manja a Dolofina anaima mu ufa.

Nangozo anali mayi wachikulire amene anabwera pa Ndembo nthawi ya nkhondo ya kutsidya kwa malire, n'kutsalira anzake atabwerera. Analibe mwana, analibe mbale. Ntchito imene azimayi ena ankaithawa, yosambitsa mtembo wa mkazi, ankaigwira ndi iye. Pa maliro ankamufuna ndi miyendo iwiri, koma maliro akatha ankamupatsa chakudya m'mbale yakeyake, ndipo kumbali ankati ndi fisi, amanyambita zala. Anamwalira yekha m'mwezi wotentha, ndipo chaka chisanathe filimuyi inabwera. Amene anaulula ndi ntchentche zimene zinadetsa chitseko chake. Anthu a mawu ambiri aja anaima patali, zitenje pamphuno. Adzukulu okumba manda anamukankhira pa mphasa ndi mipini ya makasu, n'kumukwirira momwemo, osamudonthezera ndi dontho lomwe la madzi. Dolofina anali mmodzi wa oima patali aja, chonsecho amayi ake omubereka anasambitsidwa ndi Nangozo yemweyo.

"Inu bambo, opani Mulungu," anatero Dolofina. "Wa pa chigayo mukamutchula amabwera kudzakutukwanani, zimathera pomwepo. Wakufa akutukwanani bwanji?"

"Ndiye ubwino wakewo. Sadandaula."

"Asa! Mulibe nseru?"

"Nseru sigula matewera, mayi."

Anajambula mawu ake masana awiri. Ndipo abale inu, zimene anaika m'kamwa mwa mayi wosayankhula uja! Paliponse pamene filimu inakhala chete, Lufeyo anadzazapo. Mayiyo akaima pakhomo, mawu a m'mphuno ankamveka: "Odi kuno! Ndine Nangozo! Tandisambitseni, ndaola ine, mphutsi zikundigirigisha!" Anaonjezera ndi maphokoso ena a m'mimba amene sindingawachite pamaso pa anthu. Chisipika chija chinayamba kulavula zimenezo madzulo alionse, mpaka kumveka ku mjigo. Anthu anadzaza nyumba, ena kuonera m'ming'alu ya malata. Omwe aja anaima patali tsiku lija ndi amene ankaseka kwambiri. Ana nawo anatola nyimbo, n'kumathamangitsana ndi zidebe akukuwa, "Tandisambitseni!" Dolofina ankakhala pa mandasi ake atazyolika.

Madzulo ena anatulukira Bambo Chadzunda, mlangizi wa zaulimi wopuma ntchito, amene paunyamata wawo anakhalako ku Japan miyezi ingapo kuphunzira za mpunga. Anamva kuti kwabwera filimu ya kumeneko, ndiye anavala jekete n'kubwera. Sanakhalitsemo. Anatuluka akupukuta pakamwa ndi mpango ngati ameza ntchentche.

"Mayi, amuna anu akudziwa chimene agwira?" anafunsa Dolofina.

"Akuti ndi filimu basi, bambo."

"Filimu ndi chikopa chabe. Nkhani zotere kwawoko ndi zakale kuposa kanema. Zinayamba ndi pakamwa, anthu akuuzana nyengo yotentha kuti thupi lizizire ndi mantha. Kenaka anazilemba m'mabuku, n'kumazisewera pa bwalo atavala zigoba kumaso, ngati gule wathu. Kanema wabwera dzulodzuloli. Ndipo amene ankandisunga anandiuza kuti nthano zina, asanazisewere, amayamba apita kumanda kukapepesa mwini nkhani. Taonani ameneyu, eni ake sanamuonetse nkhope, sanamupatse mawu. Mukuyesa analibe nzeru zopeka mawu? Ankaopa."

Lufeyo anali atasuzumira pa chiguduli. "Madala, mizimu ya ku Japan ifika bwanji kuno? Ili ndi pasipoti?"

"Wa ku Japan ali kwawo, mwanawe. Iwe waitana wa kuseri kwa chigayoku, ndi dzina lake, pa sipika. Unapepesa kwa ndani?" Anatola ndodo yawo. "Ukayenda siya phazi, ukasiya mlomo ukutsata."

Zinayamba ndi tinthu tating'ono. Lufeyo posesa m'mawa anapeza kumapeto kwa benchi yakumbuyo kuli konyowa, chinyezi chamafuta chosauma, ndipo ntchentche zobiriwira zitaunjikana pomwepo. Anati ndi ana akodzera. Mawa lake chimodzimodzi. Anthu anayamba kuisiya benchi imeneyo osauzana, n'kumapanikizana kutsogolo, aliyense akuyang'ana mnzake ndi diso loti kodi wasamba ameneyu. Mandasi a Dolofina, okazinga m'mawa womwewo, pofika madzulo ankachita nkhungu yaubweya mkati. Munthu wina analuma limodzi n'kusanza pomwepo.

Kenaka sopo wa m'chikwama cha ku chipatala anasowa. Dolofina anakamupeza ku bafa kwawo, kabafa kaudzu ka kuseri kwa nyumba, ali pamwala, wosatsegula. Anamubweza m'chikwama. M'mawa mwake anamupezanso pamwala pomwepo, pambali pake pali chitenje chimodzi chatsopano chopindidwa bwinobwino. Tsiku lachitatu panali ndi beseni lomwe lobiriwira lija.

"Mukundiseweretsa ndinu?" anafunsa mwamuna wake.

"Ine ndi mabeseni wapi ndi wapi? Ndi mimbayo ikukuiwalitsa."

Mayi wina wogulitsa tomato anamuimitsa panjira. "Anzanga, kodi kwanu kwabwera alendo? Dzulo chakumadzulo ndinapambana ndi mayi wina pa mlatho, wofunda mphasa kumutu, dzuwa lonseli. Ndinapereka moni, osayankha. Anakhotera njira ya kwanu. Koma fungo, mayo ine! Mpaka tomato wanga ndinakamutsuka."

Fungolo Dolofina ankalidziwa kale. Linkabwera nthawi imene jenereta yalira ndipo sipika yayamba kuitana dzina lija. Linkayambira ku bafa, n'kuzungulira nyumba pang'onopang'ono, n'kudzaima pakhomo. Silinali fungo la khoswe wofera m'denga ayi. Linali lotsekemera pang'ono, lomata pa lilime, moti ngakhale utamwa madzi umakhala ngati walimeza. Kunsi kwa chitseko kuwala kunkadukira pawiri, ngati pali mapazi. Palibe amene anagogoda.

Ndipo mwana uja analeka kumenya.

Tsiku loyamba Dolofina anati wagona. Anamwa madzi ozizira, anagonera kumanzere, anadzigwedeza mimba ndi manja. Zii. Tsiku lachiwiri anapita ku chipatala yekha, akulira njira yonse. Namwino anamvetsera nthawi yaitali, akusuntha kachipangizo uku ndi uku, nkhope itakwinyika.

"Kamtima kakumveka, koma patali, ngati kali m'chitsime," anatero namwinoyo. "Mukapume. Akapanda kugwedezeka pofika mawa, mubwere ndi katundu wanu." Kenaka anafwenkha mphuno. "Mayi, mwadzera kuti? Mwaponda chiyani?"

Atafika kunyumba anagwada pamaso pa mwamuna wake, chinthu chimene sanachitepo chikwatirane. "Bambo, zimitsani filimu ija. Mwana wanu akupita."

Lufeyo anakanda m'mutu. Mantha anali nawo, pakuti fungo nayenso ankalimva, koma anali wa mtundu uja womva nkhwangwa ili m'mutu. "Ngakhale nditazimitsa, Dolo, yapita kale. Ndathirira anthu m'mamemori. Ikuonetsedwa ku Balaka, ku Dedza, m'mafoni mwa anthu. Ndikatseka pano ndiye kuti enawo adyerere thukuta langa. Iwe ukapite ku chipatala mawa, za ana amadziwa ndi madokotala." Anatenga kagaloni ka petulo n'kumapita kukaliza jenereta.

Dolofina anatsala chogwada chomwecho. Anamuyang'ana kumsana mwamunayo, n'kudabwa kuti wakhala akudya mbale imodzi ndi chinthu chimenechi.

Tsono mvetsani pamene panali mayi ameneyu. Aliyense amadziwa kuti wapakati sayandikira mtembo, kuli bwanji kuukhudza. Koma amadziwanso kuti mtembo wa mkazi sasambitsa mwamuna, ndipo m'nyumba imene inaitana Nangozo munali mkazi mmodzi yekha. Akakana, mwana apita. Akavomera, mwina apitabe. Azimayi anzake sakanawapempha, pakuti nthawi imeneyo n'kuti ali pamzere pakhomo la kanema. Anakhala pansi mpaka sipika inayamba kukuwa, fungo n'kunyamuka ku bafa. Ndiye anadzuka, n'kutereka madzi pamoto.

Anawafunditsa bwino, osati otentha kwambiri, akuyesa ndi chigongono ngati a khanda. Anawathira m'beseni lobiriwira, natsegula sopo wa mwana wake. Analowa ku bafa dzuwa litafiira, maso ali pansi.

Pamwala paja panali patakhala munthu.

Dolofina sanadzutse mutu. Anaona m'mphepete mwa mphasa yodyeka ndi chiswe, ndi mapazi awiri otupa, amtundu wa biringanya, dothi lofiira litamatirira pakati pa zala. Ntchentche zinanyamuka n'kumutera pamilomo. M'mimba munakwera, anameza. Munakweranso, anatembenukira kumbali n'kusanza mpaka ndulu. Chinthucho chinangodikira. Sichinanene kanthu, ngakhale "odi" amene Lufeyo anachinamizira. Nangozo weniweni chikhalireni sanapemphepo munthu kanthu.

"Pepani, mayi," anatero Dolofina. "Tachedwa nawo madziwa."

Anatsinzina, nayamba kumutu, monga anaonera pa maliro a amayi ake. Zimene manja ake anakumana nazo sindinena zonse, pakuti nanenso ndili ndi mimba yofuna kusunga chakudya. Tsitsi linkatsalira m'zala. Khungu pena linkaterereka ngati la mbatata yophika n'kusiyidwa masiku. Pena kansalu kankalowa pamene sipayenera kulowa, ndipo tinthu tozizira tinkayenda pa dzanja lake kukwera ku chigongono, iye n'kumatikutumula osatsegula maso. Uko ku chigayo mawu a mwamuna wake ankamveka bwinobwino, "Ndaola ine! Ndaola ine!" ndipo khamu linkayankha ndi chikhakhali. Dolofina analira, koma sanadumphe paliponse. Anasambitsa kuseri kwa makutu, m'khwapa, pansi pa mabere, kumsana, mpaka kuchotsa dothi pakati pa zala za kumapazi chimodzichimodzi. Mkono uliwonse umene ankafuna unkadzuka wokha pang'ono kumuthandiza, ndipo chimenecho ndicho chinamulasa mtima kuposa fungo.

Atamaliza anafunyulula chitenje chatsopano, chimene anati adzaberekere mwana, n'kufunditsa mapewa aja. Anamva mpweya wautali ukutuluka, wonga wa munthu amene watula mtolo wa nkhuni. Kenaka dzanja lonyowa, lolemera, linagona pa mimba yake.

Dolofina anauma. Dzanjalo linakhala pamenepo, kuzizira kwake kukulowa mpaka kumsana. Linasisita kamodzi, n'kuchoka.

Ndipo mkatimo mwana anamenya. Anamenyanso, mwamphamvu, pansi pa nthiti penipeni.

Atatsegula maso pamwala panalibe kanthu, mphasa kulibe, chitenje kulibe. Panatsala beseni lokha, madzi ake akuda bii, pamwamba pakuyandama mafuta ndi zina. Anatukula mutu kuti apume, ndipo ndi pamene anaona kadzanja pamwamba pa mpanda wa udzu, kakugwira foni yoyaka.

Anatuluka ndi beseni m'manja. Lufeyo anali atanjanjamira kuseri kwa mpanda, nkhope yatuwa, koma foni osaisiya. Anali atabwera kudzatenga chingwe china cha sipika, n'kumva mkazi wake akuyankhula ku bafa.

"Mwakhala pamenepo kuyambira liti?" anafunsa Dolofina.

"Dolo, sichikuoneka bwino, mdima. Koma mawu ako agwirika onse, ndi kulirako. Iii, ukudziwa kuti zimenezi titaziphatikiza ku mapeto a filimu ija..."

Sanafunse za mwana. Ndikubwereza, abale, sanafunse za mwana.

Dolofina anali atangogwira chinthu chimene adzukulu olimba mtima anachikankha ndi mipini, ndipo anapirira. Koma poyang'ana mwamuna wakeyo, wosamba bwino, wonunkhira mafuta a m'botolo, nseru imene inamugwira inali ina. Analavula pansi pakati pa mapazi ake.

"Gwirani," anatero, n'kumukankhira beseni pachifuwa. Lufeyo analigwira mosaganiza, foni n'kugwera momwemo. Madzi anakhavukira pa malaya ake. "Ine ndasambitsa mlendo wanu. Madziwa mukataye ndinu, mudziwe nokha kotaya."

"Dolo! Nditaye kuti? Dolofina!"

Sanacheuke. Anatenga chikwama chake chimene chinatsala ndi chitenje chimodzi, nauyamba ulendo wa ku chipatala wapansi. Anthu otuluka mu kanema anamupatukira njira atagwira mphuno, ndipo iye anadutsa pakati pawo osapereka moni kwa aliyense. Kumbuyo ankamva Lufeyo akuitanabe, ataima pomwe paja ndi beseni, kuopa kulitula, kuopa kulitaya.

Matenda anamuyamba ali pa mlatho, ndipo kunja kukuyera anachira mwana wamkazi. Mwanayo analira mokweza mpaka odikirira panja anaseka. Namwino uja anamukulunga n'kubwera naye.

"Landirani mwana wanu, mayi."

Dolofina anabisa manja m'khwapa. Anali atawakwecha ndi mchenga pa mtsinje mpaka kutuluka magazi, anawatsukanso ndi mankhwala a ku chipatala, koma iye ankalimvabe fungo lija m'zikhadabo.

"Sindingathe, anesi. Manja angawa agwira zoipa. Muikeni pabedi."

"Pabedi ayamwa chiyani? Mwana sadziwa zimenezo. Landirani, ndili ndi ena akundidikira."

Mwana ankalirabe, kukamwa kuli yasa, timiyendo tikupalasa m'mwamba. Dolofina anatulutsa manja aja pang'onopang'ono, n'kumulandira. Kamwanako kanafunafuna ndi mphuno, kanagwira chala chake chimodzi n'kuchifinya, ndipo kanatonthola.